Kuonetsa mafilimu a sayansi ndi zachilengedwe pasukulu yopanda magetsi

Filimu ya ola lathunthu yonena za nyama zakutchire ukaionetsa yonse nthawi imodzi kwa ana a Sitandade 6, m'kalasi mumangoti zii, mpaka iwe mphunzitsi n'kumadziuza kuti lero zalowa. Afunse mawa lake. Akuuza za mkango umene unagwira mbidzi, basi. Chimene mbidzizo zinali kuyendera, kumene mvula inali, mmene msipu unathera, zonsezo zinapita ndi Chingerezi cha wofotokoza uja. Ndakhala ndikuonetsa mapulogalamu a sayansi, zachilengedwe ndi zaumisiri kwa zaka zingapo pasukulu yomwe mawaya a magetsi sanafike, Lachisanu masana kwa ana ndipo nthawi zina madzulo kwa makolo. Zimene ndikulembazi ndi za aphunzitsi anzanga, oyang'anira makalabu a zachilengedwe, ndi aliyense amene wapatsidwa TV n'kuuzidwa kuti aziphunzitsira.

Tiyambe ndi moto, poti ambiri amagwera pomwepa. TV ya LED ya mainchesi 32 imadya mawati apakati pa 30 ndi 50. Nambala yake yeniyeni inalembedwa pakapepala kakumbuyo. Sipika yoti imveke m'kalasi monse muiwerengere mawati 20, dikoda ngati ilipo mawati 10. Tinene kuti zonse pamodzi zikukwana 75. Maola awiri ndi 150 Wh (mawati kuchulukitsa ndi maola), ndipo ngati motowo ukudzera mu inveta, kabokosi kosintha moto wa batire kuti ufanane ndi wa m'mawaya a magetsi, muwonjezerepo gawo limodzi mwa magawo asanu, chifukwa inveta nayo imadya. Kufunda kumene mumamva mukaigwira ndi moto wanu womwewo ukutayika. Zikukwana 180 Wh, kapena kuti 15 Ah (muyeso wa moto umene batire limasunga) pa batire la mavoti 12 (12V). Batire la 100 Ah papepala lili ndi 1,200 Wh, koma likakhala la mtovu ndi asidi, lanu ndi theka lokha. Mukamalikama mpaka TV kuzima yokha, limafa msanga, nthawi zambiri chaka chisanathe. Gulani kamita koyezera moto, n'kotchipa. Batire likapuma ola limodzi osalumikizidwa ku china chilichonse, mavoti 12.7 ndiye kuti ladzaza, 12.2 ndiye kuti lafika pa theka ndipo tsiku limenelo musaonetse. Batire la galimoto limagwira ntchito masiku oyamba, koma analipangira kuliza injini kwa kamphindi, osati kukamidwa pang'onopang'ono kwa maola awiri, choncho funani lolembedwa kuti ndi la sola.

Panelo ya mawati 100 tsiku la dzuwa labwino imabweza pafupifupi 300 Wh, zokwanira ndithu. Iyang'ane kumpoto, yopendekeka madigiri ngati 15 kuti mvula izitsuka fumbi. Mu Seputembala ndi Okutobala mvula kulibe, ndiye muziipukuta ndi kansalu konyowa sabata iliyonse, m'mawa isanatenthe. Mthunzi wa nthambi imodzi ya mango ukagwera pangodya yokha, moto umatsika kwambiri kuposa mmene mungaganizire, chifukwa timagalasi take tinalumikizidwa motsatizana ngati unyolo ndipo kamodzi kakafooka kamabweza ena onse. Pakati pa panelo ndi batire pakhale kontirola ya 10A, kabokosi kowongolera moto wolowa m'batire, ndipo polumikiza yambani batire, panelo pambuyo. Waya wochoka pa batire kupita ku inveta akhale wonenepa, wa 4 mm², wosapitirira mamita awiri, ndi fyuzi ya 15A pafupi ndi batirelo. Inveta ikamalira n'kumazima pomwe batire lili lodzaza, musathamangire kuitukwana: kawirikawiri ndi waya woonda kapena zomangira zachita dzimbiri, moto ukuthera m'njira. Mukapeza TV yodyera 12V mwachindunji, itengeni, inveta muisiye. Mupulumutsa moto, komanso muchotsa kulira kwa njuchi kumene mainveta otchipa amalowetsa mu sipika.

Mbala yaikulu ya moto ndi mafoni. Foni imodzi imatenga 10 mpaka 15 Wh, ndiye mafoni 20 a aphunzitsi ndi oyandikana nawo amatha kudya kuposa filimu yonse. Gwirizanani poyera ndi a komiti kuti kuyambira Lachinayi batire silitchajira foni, apo ayi Lachisanu muzingopepesa ana.

TV ya mainchesi 32 ndi yotambalala pafupifupi masentimita 70. Zolembedwa m'munsi mwa chithunzi zimawerengeka mpaka mamita atatu, chithunzi chenicheni mpaka asanu. Malo amenewa amakwana ana 25 kapena 30, aang'ono pansi kutsogolo, aakulu pamabenchi kumbuyo. Kalasi ya ana 100 muigawe panayi, ngakhale zikutanthauza kubwereza kanayi. Mukawaunjika onse, akumbuyo amayamba kutsinana pakangotha mphindi zisanu, ndipo si mlandu wawo. TV ikhale pamwamba, m'munsi mwake mofanana ndi chifuwa cha munthu wamkulu ataimirira, ndipo mazenera akhale m'mbali, osati moyang'anizana nayo kapena kumbuyo kwake. Tsekani ndi zitenje kapena makatoni mazenera awiri apafupi okha. Mukatseka onse pansi pa malata mu Okutobala, theka la ana likhala likuwodzera. Za pulojekita ndinene mwachidule. Ya babu imadya mawati 250 mpaka 300, ndiye batire lija silingaisenze, ndipo mukaizimitsa pozula pulagi fani isanamalize kuziziritsa, babu limafupika moyo. Tating'ono ta LED timadya pang'ono koma timaoneka usiku wokha, kaya pabokosi alembepo nambala yaikulu bwanji.

Mawu ndi ofunika kuposa chithunzi. Chithunzi chosaoneka bwino anthu amachipirira, koma mawu osamveka amabalalitsa gulu. Sipika ikhale kutsogolo pafupi ndi TV, pamwamba pa mitu ya anthu, yolumikizidwa ndi waya. Bluetooth imachedwetsa mawu mpaka milomo n'kumasemphana ndi zolankhula. Besi muitsitse, chifukwa m'chipinda cha simenti ndi malata imameza mawu a wofotokoza.

Mafilimuwo ndi bwino kukhala nawo pa fulashi kusiyana ndi kudalira zimene zikuulutsidwa nthawi yomweyo. Matchanelo a pa setilaiti monga National Geographic ndi Discovery ali ndi zabwino zambiri, koma nthawi amaika ndi iwo, malonda amadula pakati, ndipo ndi dikoda wamba simungaimitse kuti mufotokoze. Bungwe la ku America lofufuza zakuthambo la NASA limalola kuti zithunzi ndi makanema ake ambiri agwiritsidwe ntchito pophunzitsa, ndipo pa intaneti alipo ena ambiri amene eni ake anawapereka kuti aziphunzitsira. Musalipiritse pakhomo, mukatero mwasanduka vidiyo sho, ndipo nkhani ya chilolezo cha eni filimu yalowapo, imene ofunsa ake ndi a COSOMA, bungwe loteteza umwini wa ntchito zaluso. Mtundu wa fayilo umene pafupifupi TV iliyonse imawerenga ndi MP4 ya H.264 yokhala ndi mawu a AAC. Mukaona chithunzi chikuyenda koma mawu kulibe, TV sinawonongeke, yangolephera mtundu wa mawu a mu fayiloyo, zimene zimachitika kawirikawiri ndi mafayilo a MKV. Ma TV akale ambiri amafuna fulashi yokonzedwa m'njira yotchedwa FAT32, yomwe silandira fayilo yoposa 4 GB. Zimenezi zisakudetseni nkhawa: filimu ya 720p, ya chithunzi chosalala mwapakatikati, ndi yokwanira pa TV yotere, ndipo ola limodzi limatenga pafupifupi 1 GB. Yesani fayilo pa TV yomweyo dzulo lake, osati pa kompyuta.

Tsopano ntchito yeniyeni. Filimu iliyonse muionere nokha kawiri, cholembera chili m'manja. Ulendo woyamba mumvetse nkhani. Wachiwiri mulembe mphindi: kuyambira 12:40 mpaka 19:05, chakuti, pa 15:20 ndiimitse. Pa ola lathunthu musankhepo chidutswa chimodzi kapena ziwiri za mphindi 6 mpaka 10, chilichonse chonyamula mfundo imodzi. Musanayatse, lembani pabolodi funso limodzi limene yankho lake ana alipeze ndi maso, osati ndi makutu: nsombayi ikubisa kuti ana ake? Madziwa akulowera pati, akutulukira pati? Funso lotere limapatsa mwayi ngakhale mwana amene Chingerezi chimamudutsa. Mukamaliza kukambirana, onetsaninso chidutswa chomwecho. Ulendo wachiwiri ndi umene amaona zambiri, ndipo ine ndimaona kuti kubwereza chidutswa chimodzi kumapindula kuposa kuwonjezera chatsopano.

Pomasulira musapikisane ndi wofotokoza. Mukamalankhula iye akulankhulanso, ana samva aliyense wa inu. Imitsani pakatha mphindi imodzi kapena ziwiri, nenani m'Chichewa ziganizo ziwiri kapena zitatu, pitirizani. Njira ina, imene imayenda bwino ndi ana aang'ono, ndi kutsitsiratu mawu n'kumafotokoza nokha. Mawu ovuta muwakonzeretu kunyumba, musamawasake pamaso pa ana. Ambiri tili nawo kale: kadamsana, utawaleza, chivomezi, mlalang'amba, Nthanda. Ana amadabwa kumva kuti Nthanda imene agogo awo amadzukira ndi dziko lotchedwa Venus, osati nyenyezi ngati zinazo. Pomwe palibe liwu, fotokozani chimene chinthucho chimachita, monga mphamvu imene dziko limakokera zinthu pansi, kenako perekani liwu la Chingerezi limene adzakumane nalo pamayeso.

Manambala ndiwo amafuna thukuta. Mafilimu ambiri a ku America amayeza m'mamailo ndi Fahrenheit. Mailo imodzi ndi makilomita 1.6, ndipo madigiri 100 awo ndi 38 athu, kutentha kwa ku Nsanje mu Okutobala. Koma ngakhale mutasintha, nambala yaikulu payokha ilibe tanthauzo kwa mwana. Mwezi uli pamtunda wa makilomita pafupifupi 384,000. Nenani kuti basi yothamanga makilomita 80 pa ola, osaima paliponse usana ndi usiku, ingayende masiku 200. Akamva zimenezo m'pamene amazindikira liwiro la chombo cha Apollo 11, chimene chinanyamuka pa 16 Julayi 1969, ndipo pa 20 Julayi Neil Armstrong ndi Buzz Aldrin anali atatera pamwezi. Nangumi wamkulu kwambiri amafika mamita 30. Pa TV amaoneka wofanana ndi kampango, koma bwalo la ntchemberembaye ndi lotalika mamita 30.5, ndiye tulukani, mwana mmodzi aime kumutu, wina kumchira.

Chinthu china chimene sindinkachiganizira poyamba n'chakuti filimu imanamiza mwana popanda kunena bodza. Duwa limaphuka m'masekondi asanu, mbewu imamera ukuona, ndipo ana ena amatuluka akukhulupirira kuti kunja kuli mbewu zotero. Muwauze kuti kamera inkajambula chithunzi chimodzi pakapita nthawi kwa masiku ambiri, kenako zithunzizo anazithamangitsa. Kuti akhulupirire, viikani nyemba usiku umodzi, ziikeni m'botolo loonekera pakati pa galasi ndi pepala lonyowa, ana azijambula m'kope m'mawa uliwonse. Muzu umatuluka pakatha masiku awiri kapena atatu. Pepala likhale lonyowa chabe. Madzi akadikha pansi nyemba zimawola chifukwa chosowa mpweya. Pakatha sabata atsegule masamba a kopelo mofulumira, aona filimu yawoyawo. Zilombo zakalekale zimene zimathamanga m'mafilimu n'zojambula pa kompyuta, palibe anazijambula zamoyo, ndipo muzinena zimenezi musanayatse. Koma muwonjezere kuti mafupa ake ndi enieni, ena anafukulidwa konkuno m'boma la Karonga, ndipo chilombo chake anachitcha Malawisaurus. Chigoba chosonyeza mmene chinalili chili kumyuziyamu ya pa Karonga. Nyengo nazo zimasokoneza: wofotokoza akati Disembala ndi wozizira akunena za kumpoto kwa dziko, pomwe kuno tikupalira chimanga thukuta lili kamukamu.

Chidutswa chilichonse chitsatidwe ndi chinthu chogwira ndi manja, chosafuna ndalama, tsiku lomwelo. Pa za mwezi, tengani mpira wamiyendo, womwe ndi wa masentimita 22 kudutsa pakati, ukhale dziko lathu. Mwezi ukhale ndimu ya masentimita 6. Funsani ana kuti ndimuyo iime pati. Pafupifupi onse amaiika pafupi, mwina kutalika kwa mkono, chifukwa ndi mmene mabuku amajambulira. Malo ake enieni ndi mamita 6.6, mipira 30 kundandalika. Pamuyeso womwewo dzuwa likanakhala chimpira cha mamita 24 chili pamtunda wa makilomita 2.6, ndiye tchulani malo odziwika amene ali patali chotero, kaya chigayo kaya mlatho. M'chipinda chamdima, tochi ikhale dzuwa, ndimu idutse pakati, kamthunzi kake kagwere pampira: kadamsana ameneyo, ndipo aona okha chifukwa chake mdima wake umagwa pa kachigawo kochepa ka dziko. Pochita izi ndimu muisendeze pafupi ndi mpira, chifukwa tochi singaponye mthunzi wooneka pa mamita 6.6, koma muwauze kuti mwafupikitsa dala. Makolo ambiri amakumbukira kadamsana wa pa 21 Juni 2001, pamene ku Lusaka kunada masana ndipo kuno dzuwa linadyeka mbali yaikulu. Musaiwale kuchenjeza kuti dzuwa sayang'ana ndi maso, ngakhale ndi magalasi akuda.

Mafilimu a zomangamanga amakonda madamu akuluakulu akunja, monga Hoover ku America ndi Three Gorges ku China. Ndi abwino poonetsa mkati mwa makina, mmene madzi amagwera mumpope n'kuzunguza gudumu la mapiko limene limazunguza jenereta. Koma mukangosiyira pomwepo, mwana amaganiza kuti zimenezi n'za azungu. Bwererani ku Shire: Nkula, imene inayamba kupanga magetsi mu 1966, Tedzani, Kapichira, ndi chotchinga madzi cha pa Liwonde chimene chimawongolera kuchuluka kwa madzi opita kumeneko. Apa m'pamene nkhani ya mitengo imamveka popanda kulalikira, chifukwa dothi lokokoloka m'minda ndi namasupuni zimakathera kumakinako n'kuchepetsa magetsi, ndipo mu Januwale 2022 madzi a namondwe Ana anawononga damu la Kapichira dziko n'kukhala mumdima wa maola ambiri kwa miyezi. Jenereta yaing'ono muli nayo kale: dainamo ya njinga. Gadabuzani njinga, mwana apalase ndi dzanja, aone nyale ikuwala kwambiri akafulumira, amvenso kuti gudumu limalemera dainamo ikagunda tayala. Kuti aone chifukwa chake damu limakhala lochindikala pansi, boolani botolo la malita awiri ndi msomali wotentha malo atatu, pansi, pakati ndi chapamwamba, mabowo ofanana kukula. Matani ndi tepi, dzazani madzi, matulani. Pali zolakwika ziwiri zimene zimachitika nthawi zonse. Mukasiya chitsekerero chili chotseka madzi satuluka bwino, poti mpweya ulibe polowera. Ndipo botolo likakhala pansi, madzi a bowo lapansi amagunda dothi msanga n'kuoneka ngati ofooka; liikeni m'mphepete mwa tebulo kuti onse agwe patali, m'pamene apansi amaoneka kuti ndiwo amphamvu.

Pa zachilengedwe, yambani ndi za kwathu zikapezeka. Nsomba za m'nyanja ya Malawi zajambulidwa kwambiri ndi akunja, makamaka mbuna za kumiyala ya ku Cape Maclear, m'paki imene UNESCO inaiika pa mndandanda wa malo ofunika padziko lonse mu 1984. Mwana amene wadya chambo moyo wake wonse amatsegula pakamwa akaona nsomba yaikazi ikusunga mazira m'kamwa, tiana tikutuluka kukadya n'kuthawiramonso mdani akafika. Chambo chimachita chimodzimodzi, ndipo kuchokera pamenepo n'kosavuta kufotokoza chifukwa chake makoka amaletsedwa kumapeto kwa chaka: ukagwira mayi mmodzi wagwira ndi ana onse. Ngati pagululo pali msodzi kapena mwana wa msodzi, imitsani filimu mumupatse mpata. Amadziwa mayina ndi makhalidwe amene wofotokoza sanatchule, ndipo anthu amamvetsera mnzawo kuposa mlendo wa mu TV.

Gulu losakanikirana lili ndi zake. Mafilimu a nyama amaonetsa kukwerana ndi kubereka mosabisa, ndipo madzulo pamakhala munthu ndi apongozi ake, bambo ndi mwana wake wamkazi. Zikangotulukira mwadzidzidzi, amayi amaweramitsa mitu, achinyamata amaphulika kuseka, ndipo sabata yotsatira akuluakulu sabwera. N'chifukwa china choonereratu filimu. Lembani mphindi zake, mudumphe, kapena musungire kalasi ya sayansi kumene phunzirolo lili m'malo mwake. Ana osakwana zaka 6 mphindi zisanu zawakwanira, ndipo zogwirana ndi magazi musawaonetse madzulo. Kadzidzi ndi fisi zikatuluka pamakhala kung'ung'udza. Musaseke kapena kunyoza zimene anthu amakhulupirira. Onetsani kadzidzi akugwira khoswe, funsani kuti nkhokwe ikanakhala bwanji popanda iye, musiyire pomwepo. Chimodzimodzi wina akafunsa za zaka mamiliyoni ndi zimene amamva kutchalitchi: fotokozani mmene asayansi amayezera zaka za miyala, mtsutso wa chipembedzo musautengere m'kalasi.

Sungani kope lolembamo tsiku, chidutswa, mphindi zake, muyeso wa batire musanayambe ndi mutamaliza, ndi mafunso amene anakugonjetsani. Funso lokugonjetsani mulilembe pabolodi pamaso pa onse, mukafufuze, mubwere nalo Lachisanu linalo. Mukamaliza, TV muifunditse nsalu chifukwa cha fumbi ndi ndowe za mileme, rimoti ikhale m'thumba la munthu mmodzi wodziwika, ndipo batire lisakhale m'kabati yotsekedwa kotheratu, poti likamatchajidwa limatulutsa mpweya woyaka.

M'nyengo yadzinja mvula ikayamba kuwomba pamalata palibe sipika imene ingapambane, choncho musalimbane nayo. Zimitsani, ndipo ngati muli ndi eriyo kapena dishi zulani waya wake kuopa mphenzi. Ana akhale m'kati, kutali ndi mazenera ndi chitseko, ndipo chiphaliwali chikang'anima onse awerenge pamodzi masekondi mpaka bingu limveke. Kuwala kumafika nthawi yomweyo, koma phokoso limayenda kilomita imodzi pa masekondi atatu. Akawerenga 9, mphenziyo yagwa pamtunda wa makilomita atatu. Mmodzi azilemba manambalawo pabolodi motsatizana, ndipo iwo okha anena ngati mvulayo ikubwera kapena ikupita.